A Mwakabanga, Mfuti Yawo Yaing'ono ndi Kanema Wokana Kutseguka

Ndinafika ku Wovwe chaka cha 2009, ndili mlangizi wa ziweto wongotuluka kumene kusukulu. Kwathu ndi ku Ntchisi, choncho Chitumbuka ndinkangotolapo mawu amodziamodzi, Chinkhonde ndiye sindinkamva kanthu. Anthu ankandilankhula Chichewa chawo chokoka mawu chija, akangotembenuka n'kubwerera ku chilankhulo chawo. Munthu woyamba amene anandipatsa mpando n'kucheza nane mpaka tiyi kuzizira anali a Ambokile Mwakabanga, ndipo chimene chinatikumanitsa ndi galu wachiwewe.

Galuyo anali ataluma mbuzi ziwiri n'kukabisala pansi pa nkhokwe ya banja lina pafupi ndi ngalande yaikulu ya sikimu ya mpunga. Ine ndinafika pa njinga yamoto, wopanda chilichonse chogwirira galu wotere. Amuna anali ataima patali ndi zibonga, aliyense akukankhira mnzake kutsogolo.

"Musavutike, alangizi," anatero mwini nyumba. "Tatuma kale kwa a Mwakabanga."

Ndinkayembekezera mlenje wamsinkhu, wa ndevu zake, mfuti ya mipope iwiri paphewa. Amene anatulukira anali bambo wamfupi, wowonda, wa malaya oyera ngati akupita kutchalitchi, akukankha njinga. Pa njingapo anamangirira chinthu chachitali chokulungidwa m'chitenje. Pambuyo pawo pankabwera mayi wathupi, woyenda mwachangu, atagwira chitini cha mabisiketi m'khwapa. Amenewo anali mayi Yunike, akazi awo.

Amene anayamba ntchito anali mayiwo. Anafunsa ngati galu waluma munthu. Anauza akazi anzawo kuti alowetse ana m'nyumba. Anazungulira patali kukaona chimene chinali kuseri kwa nkhokwe, napeza chulu. Atakhutira anatsegula chitini n'kutulutsa kachipolopolo kamodzi, kosafika ndi kutalika kwa chala chaching'ono, kumbuyo kamkuwa, kumutu kamtovu.

"Kamodzi kokha, amayi?" ndinafunsa. "Nanga akaphonya?"

"Akaphonya apempha kena," anandiyankha osandiyang'ana n'komwe.

A Mwakabanga anamasula chitenje. Mfuti yake inali yowonda ngati mpini wa khasu. Anagwada, nadikira kanthawi ndithu mpaka galu atatembenuza mutu. Kulira kwa mfutiyo kunali ngati nsungwi youma ikathyoka. Nkhuku zimene zinali pabwalo sizinaleke kutompha. Galu uja sanagwedezekenso.

Kuchokera tsiku limenelo ndinkapita kwawo kawirikawiri, poyamba chifukwa cha ntchito, kenako chifukwa cha chambiko cha mayi Yunike, mkaka wowawasa umene kwathu sindinauzolowere koma kumeneko ndinauphunzira. Mbiri yawo ndinaimva pang'onopang'ono, china kwa bambo, chambiri kwa mayi.

A Mwakabanga anabadwira ku Mwenilondo m'banja loweta ng'ombe. Ali mnyamata anakagwira ntchito pa famu ina ya ng'ombe cha ku Rumphi. Kumeneko ndi kumene anaphunzira mfuti ya .22, imene kuno anthu ankangoti thu-thu. Mwini famu ankaisungira ntchito zing'onozing'ono: kumaliza ng'ombe yothyoka mwendo kuti isazunzike, kupha yoti idyedwe, kuthamangitsa apusi m'chimanga. Famuyo itatsekedwa, mwini wake anapita nawo kupolisi n'kukalembetsa mfuti m'dzina lawo. Anabwerera kwawo ndi njinga, bulangeti ndi mfutiyo. Anakwatira Yunike, mwana wa msodzi wa ku Ngara, napeza kamunda mu sikimu ya Wovwe. Ana anabadwa angapo koma amene anakula ndi mmodzi, wamkazi, dzina lake Fortunate.

Nkhani ya chitini anandiuza a Mwakabanga eni ake, akuseka pang'ono koma maso ali pansi. Ukwati wawo usanathe chaka, anapita kumowa ndi mfuti. Anzawo anaika botolo pamzere wa munda wodzaza madzi n'kumati ngati ndinu katswiri tioneni. Anawombera. Chipolopolo chinaphonya botolo, chinamenya pamadzi n'kudumpha monga umachitira mwala wophwatalala, chinakalowa pachitseko cha nyumba ina kutsidya. M'nyumbamo munali mayi akuyamwitsa. Sanavulale aliyense, koma nkhani inafika kwa Yunike iwo asanafike pakhomo.

"Ndinapeza chitini palibe," anatero. "Ndinafunsa, anandiuza kuti mfuti ndi yanu, zipolopolo ndi zanga. Ndinakwiya mwezi wathunthu. Kenako ndinaona kuti ndikugona bwino."

Zinakhala choncho mpaka ukalamba. Wofuna thandizo la mfuti ankayamba wakambirana ndi mayi Yunike. Ambiri ankabwerera manja ali m'khosi. Wina akati galu wa mnansi akumudyera mazira, mayi ankamuuza kuti akamange khola labwino. Wina akati mpheta zatha mpunga, ankamuseka: mbalame zikwi, iwe ukufuna kuziwombera imodziimodzi? Pita ukamange zitini pachingwe. Ndipo m'minda ya madzi mfuti sinkalira, ngakhale munthu apemphe atagwada. Koma pa galu wachiwewe, pa ng'ombe yogwera m'dzenje n'kuthyoka msana, pa apusi ozolowera munda wa chinangwa wa mayi wamasiye, chitini chinkatseguka msanga. Pamaliro ndi paukwati, pamene ng'ombe iyenera kugwa, anthu ankakonda a Mwakabanga chifukwa nyama inkagwa pomwepo, osalimbana ndi zingwe, osabuula. Malipiro awo kawirikawiri ankakhala chiwindi kapena mwendo.

Zipolopolozo sizinkapezeka wamba. Ankachita kuitanitsa kutauni ndi chiphaso, kabokosi kamodzi n'kukhala nako zaka. Tsiku lina a Mwakabanga anandionetsa khoko la chimodzi chimene anali atawombera kale. Linali ndi kachipsera m'mphepete mwa thako, osati pakati.

"Moto wa kameneka uli m'mphepetemu," anatero. "Kakalira kalira basi, simungathirenso onga. Anthu amakapeputsa chifukwa sikagontha m'makutu, sikakankha phewa. Koma kakasochera kamapita kutali kuposa kumene maso anu akuona."

Chaka cha 2013, mvula itachuluka, mvuu inatuluka kunyanja n'kuyamba kudya mpunga m'minda ya kumunsi. Inadya wa banja limodzi, kenako wa lina. Uthenga unapita kwa a zanyama zakutchire, koma mlatho wina unali utakokoloka ndipo anachedwa. Gulu la amuna linabwera pakhomo pa a Mwakabanga mmawa wina ine ndili pomwepo, ndikubaya ng'ombe zawo katemera. Analankhula Chichewa dala kuti inenso, munthu wa boma, ndimve.

"Mudzi uli ndi mfuti imodzi. Ana athu adya chiyani chaka chino?"

"Mfuti iyi si ya mvuu," anatero a Mwakabanga. "Ndikaiwombera ndingoipweteka. Mvuu yopwetekedwa siidyanso mpunga, imayamba anthu. Mawa igubuduza bwato ku Ngara."

"Lasani m'diso."

"Mvuu ili m'madzi, ine ndili m'matope, ndilase m'diso?"

Wina kumbuyo ananena mawu m'Chitumbuka amene ngakhale ine ndinawamva: wamantha. A Mwakabanga anangopukuta manja pa buluku. Mayi Yunike anatuluka m'khitchini ndi mthiko m'manja, nawauza amuna aja kuti amene ali wolimba mtima atenge mkondo wa agogo ake apite, koma chitini sichitseguka. Anachoka akung'ung'udza.

Mvuu ija inadyanso minda ina, wa a Mwakabanga womwe. A zanyama atafika anaithamangitsira kunyanja ndi mfuti zawo zikuluzikulu. Palibe amene anabwera kudzanena kuti munkanena zoona. Ena anasiya kuwapatsa moni nyengo yonseyo, ndipo pamaliro awiri otsatira ng'ombe anaipha ndi mpeni osawaitana. Zinawapweteka, ngakhale sananene. Ndinkawapeza atakhala pansi pa mtengo wa mango akupaka mafuta mfuti yosagwira ntchito. Zinatha zokha, monga zimathera nkhani za m'mudzi, galu wina wachiwewe atalowa pabwalo la sukulu.

Fortunate anakwatiwa chaka cha 2016 ndi Elliot, mphunzitsi wa ku Mwenilondo. Unali ukwati waukulu kuposa mphamvu za banjalo, chifukwa mwana anali mmodzi yemweyo. A Mwakabanga anapha ng'ombe yawo yabwino koposa. Mayi Yunike anayang'anira kuphika mbalagha, nthochi zosakaniza ndi nyama, m'mapoto akuluakulu kuseri kwa nyumba, nthawi ina anasiya kaye mapotowo, navala chilundu chatsopano n'kukalankhula pa chinkuzamawu kulangiza ana awo. Mnzake wa Elliot anajambula zonse ndi kamera, pambuyo pake n'kuwapatsa chimbale cha DVD ndi fulashi. Chimbalecho adzukulu anachiseweretsa mpaka chinakalika. Fulashi inalowa m'sutikesi n'kuiwalika.

Mayi Yunike anayamba kudwala chaka cha 2021. Miyendo inkatupa, mpweya unkawathera akangoyenda pang'ono. Anagonekedwa kuchipatala kangapo. Nthawi yomweyo maso a bambo anali atayamba kuchita ng'ala, koma ankabisa. Ankathira tiyi pambali pa kapu n'kunamizira dzanja. Mayi anamwalira chaka chotsatira, mpunga uli pafupi kukololedwa.

Pamaliro, ng'ombe itamangidwa pamtengo, anthu anayang'ana kwa a Mwakabanga. Ena ankati wamasiye sagwira ntchito yotere, koma iwo anati ng'ombe ya mkazi wanga ndigwetsa ndine. Fortunate anabweretsa chitini, natsegula yekha, nawapatsa chipolopolo chimodzi. A Mwakabanga anaima patsogolo pa ng'ombe, nakweza mfuti. Tinadikira. Ndinaona nsonga ya mfuti ikuyendayenda ngati ikufunafuna chinthu. Anatsitsa, napukuta m'maso ndi mkono wa jekete, nakwezanso. Kenako anatsegula mfuti, natulutsa chipolopolo chija n'kubwezera mwana wawo.

"Ndikuona ng'ombe, koma chipumi sindikuchiona," anatero motsitsa mawu. "Itanani a mipeni."

Mwambo wa maliro utatha anandipempha kuti ndiwaperekeze kupolisi. Anakwera kumbuyo kwa njinga yanga yamoto, mfuti ili m'chitenje chomwe chija, chitini chili pamiyendo. Anapereka zonse. Wapolisi amene anatilandira, mnyamata wa ku Zomba, anatsegula chitini n'kupeza kuti pansi pa zipolopolo panali singano, ulusi ndi mabatani. Anawabwezera chitini ndi zosokerazo. Tinabwerera ku Wovwe, chitini chili pamiyendo pawo.

A Mwakabanga anasamukira kwa Fortunate ku Mwenilondo. Ine ndinkawayendera ndikapita kuboma. Ankaonda. Tsiku lina Fortunate anandikokera pambali n'kundiuza chimene chinkawadya bambo ake.

"Akuti ayamba kuiwala mawu a amama. Nkhope akuikumbukira, koma mawu akuwathawa. Ndapeza fulashi ya ukwati wathu, koma tivi ikukana. Ikungolemba kuti fayiloyi siikuidziwa."

Elliot anali atayesa kale. Anzake anamuuza kuti vuto ndi zilembo za kumapeto kwa dzina la fayilo, zimene zinali MKV, ndipo akangozifufuta n'kulemba MP4 zitheka. Anakachita zimenezo pa kompyuta ya mnzake. Tivi inakanabe.

Ine ndinkadziwa mayi wina ku Ngara, dzina lake Wezzie, amene ali ndi kashopu m'mbali mwa msewu waukulu koikira nyimbo ndi mafilimu m'mafoni, m'mamemole ndi m'mafulashi. Makasitomala ake ambiri ndi asodzi ndi oyendetsa maminibasi. Ndinati nditenge fulashiyo ndekha, koma a Mwakabanga anakana kutsala. Tinakwera minibasi tili atatu, iwo, Fortunate ndi ine.

Kashopu ka Wezzie n'kopapatiza, kotentha, sola ili padenga, sipika ili pakhomo ikuliza nyimbo za ku Tanzania. Anatsitsa nyimbo, napatsa mkuluyo mpando wake womwe. Analowetsa fulashi m'kompyuta, nayang'ana kanthawi, naseka.

"Ndani anasintha dzinali?"

"Amuna anga," anatero Fortunate.

"Ambiri amatero. Onani adada," anatembenukira kwa a Mwakabanga, "kanema ali ngati katundu wa m'thumba. MKV, MP4, AVI, onsewa ndi matumba chabe, aliyense ndi kamangidwe kake. M'katimo muli zinthu ziwiri, zithunzi pazokha, mawu paokha. Tivi yanu imadziwa kumasula matumba ena, ili la MKV siidziwa mfundo yake. Akamwini anu angolemba dzina lina kunja, mfundo ili yomweyo."

"Ndiye katunduyo alimo?" anafunsa a Mwakabanga.

"Alimo yense. Kompyuta yangayi imamasula thumba lililonse. Ndikhoza kukuikirani pompano mumve."

Dzanja lake linali litafika kale pa sipika. Pakhomo panali pataima asodzi atatu akudikira mafoni awo, wina akudya chinangwa chootcha, minibasi ikuimba hutala pamsewu.

"Iyayi mama," anatero mkuluyo msanga. "Osati pano."

Wezzie anawayang'ana, nayang'ana Fortunate, nabweza dzanja. Sanafunse chifukwa. Anabwezeretsa dzina lakale, nasamutsa zithunzi ndi mawu momwe zinalili kuziika m'thumba la MP4. Sizinatenge nthawi. Anati fayilo yakaleyo tisaifufute, ikhale pambali.

Tinafika ku Mwenilondo dzuwa likadali pamwamba. Fortunate anatseka makatani, naika mpando wa bambo ake pafupi ndi tivi, Elliot n'kulowetsa fulashi. Kanema anatseguka. Tinaona tchalitchi, maluwa a pepala, Fortunate atavala zoyera. Koma mawu kunalibe. Elliot anakweza mpaka pamapeto, anazimitsa n'kuyatsanso, anasintha pobayira. Zii. Anthu ankayasama pakamwa, ankaomba m'manja, ng'oma zinkamenyedwa, zonse mwakachetechete.

"Mwayamba?" anafunsa a Mwakabanga.

"Tayamba, adada. Mawu okha ndi amene sakutuluka."

"Amayi ako akuoneka?"

Fortunate anathamangitsa kanema mpaka pamene mayi ake anagwira chinkuzamawu. "Ndi awa. Avala chilundu chobiriwira chija. Akuloza Elliot ndi chala."

Mkuluyo anasendeza nkhope mpaka mphuno inatsala pang'ono kukhudza galasi. Anakhala choncho kanthawi. Kenako anabwerera m'mbuyo, nati akuona kuwala kobiriwira basi. Anapempha ndodo yawo natuluka panja. Tsiku limenelo sanadye.

Mmawa mwake ndinabwerera ku Ngara ndekha. Wezzie atamva anagwira pakamwa.

"Kulakwa n'kwanga, ndinayang'ana thumba lokha osayang'ana zam'kati. Mawu a makamera ajawa amasungidwa mwa mtundu wa AC3, ndipo tivi zambiri zotchipazi siziwamva. Thumba yatsegula, zithunzi yazidziwa, mawu yawasiya. Ndiyenera kuwasandutsa akhale AAC. Zithunzi sindizikhudza."

Anavala zomvera m'makutu n'kuyamba ntchito, makasitomala akudikira. Ankadumphadumpha m'kanemamo kuti atsimikize kuti mawu akugwirizana ndi milomo. Ndinaona nkhope yake ikusintha.

"Amene akufuna kuwamvawo ndi mayi a chilundu chobiriwira?"

"Omwewo."

"Pamene akulankhula pa chinkuzamawu sipakumveka bwino. Wojambula anaima pafupi ndi sipika, ndiye mawu akung'ambika, jenereta nayo ikulira. Pamenepo sindingakonze, zinalowa choncho." Anapitiriza kufufuza. Patapita nthawi anachotsa chomvera chimodzi n'kundipatsa. "Koma tamverani apa. Sindikudziwa ngati ndi iwo."

Pagalasi pankaoneka dothi, mwendo wa mpando ndi mapazi a anthu odutsa. Zikuoneka kuti wojambula anapita kuseri kukapempha chakudya, naika kamera pansi osaizimitsa. Koma mawu anali oyera ngati munthuyo ali m'shopu momwemo. Ndinawazindikira asanamalize chiganizo choyamba.

Wezzie anakatenga tivi yaing'ono kwa mnansi wake wometa tsitsi, nayesa fayilo yatsopanoyo kuti zisachitikenso. Kenako anafunsa ngati mkuluyo ali ndi wailesi yolowa memole. Ndinati ali nayo. Anadula chigawo chija chokha, nachotsa zithunzi, nasiya mawu okha mu MP3, naika m'kamemole.

"Munthu wosaona safunika kudikira kuti ena amuyatsire tivi," anatero.

Masana a tsiku lomwelo tinakhalanso m'chipinda chochezera ku Mwenilondo. Nyimbo za kwaya zitangotuluka m'tivi, a Mwakabanga anawongoka pampando. Anamvera ukwati wonse osadumphitsa, ulaliki womwe. Pa malangizo a akazi awo anapendeketsa mutu, nayesetsa, koma zinkangomveka ngati wailesi yosagwira bwino siteshoni. Ndinawauza kuti adikire, kutsogolo kuli pena.

Kenako panabwera dothi ndi mwendo wa mpando, ndipo mayi Yunike analankhula. Zinali m'chilankhulo chawo, Fortunate ankandimasulira monong'ona. Ankakalipira wina kuti nthochi wadula zikuluzikulu, sizipsa msanga. Ankafunsa amene watenga mpeni wawo wa chigwiriro chofiira. Anati nyama ya akuchimuna aiike padera asanayambe kugawa. Mayi wina ananena kanthu kosamveka, iwo n'kuseka, kuseka kwawo kuja kotalika kothera m'chifuwa. Atatha kuseka anati: "A Mwakabanga ali kuti? Kawauzeni avale jekete, asajambulidwe ndi malaya a magazi a ng'ombe."

"Ndinavala," anatero a Mwakabanga, akuyankha tivi.

Fortunate anaseka misozi ili m'masaya. Elliot anatuluka panja ngati akukaona mbuzi. Kamera inanyamulidwa, kanema n'kubwerera kubwalo la magule.

"Bwezani pamenepo," anatero mkuluyo.

Tinabweza kangapo. Pomaliza anafunsa ngati mpeni uja unapezeka. Fortunate anati unapezeka m'dengu la nthochi, ndipo ndi womwe akudulira anyezi mpaka lero.

Kuyambira pamenepo kawailesi kankakhala m'thumba la malaya awo. Sankakaliza pagulu. Fortunate akuti ankakamva mmawa bambo ake akamatsuka m'kamwa kuseri kwa nyumba, mwina masana akakhala okha pakhonde. Anayambanso kudya. Chaka chathachi madokotala a maso atabwera m'boma muno, analola kuchitidwa opaleshoni imene ankaikana kale. Diso limodzi linatseguka, lina linakana. Anaonera kanema uja ndi diso limodzilo, nadandaula kuti wojambula anataya nthawi yambiri pa atsikana operekeza mkwatibwi.

Miyezi ingapo yapitayo anandiimbira foni kuti ndiwaperekezenso ku Ngara. Ndinaganiza kuti memole yawonongeka. Ndinawapeza atavala suti, nsapato zopolishidwa. Titafika anamuuza Wezzie kuti akufuna awajambule iwonso, adzukulu adzakhale ndi pomvera.

"Koma muike m'thumba lotseguka paliponse," anatero. "Mawu muyambe mwayesa."

Wezzie anatseka shopu, natitengera kuseri kwa nyumba yake kumene kulibe phokoso la msewu. Anaika mpando pamthunzi wa nthochi, natsamiritsa foni pa ndowa yovundikira, nawauza kuti ayambe pamene afuna. A Mwakabanga anakhala mowongoka, manja pamaondo.

"Ndinene chiyani, alangizi?"

"Chilichonse, bambo. Yambani ndi kwanu."

Anakonza kukhosi. Anayamba m'Chichewa, kutchula dzina lawo ndi la bambo awo, kenako osazindikira analowa m'Chinkhonde. Ine ndinangotolapo pang'ono. Ankatchula mayina a ng'ombe zimene ankaweta ali mwana ku Mwenilondo, iliyonse ndi mtundu wake ndi khalidwe lake, ina yokonda kuthawa, ina yosalola kukamidwa ndi mlendo. Analankhula mpaka foni inatentha, Wezzie n'kuwapempha kuti apume kaye kuti asamutsire zimene zajambulidwazo m'kompyuta. A Mwakabanga anamwa madzi, nafunsa ngati malo akadalipo m'fonimo, chifukwa za ku Rumphi anali asanayambe.